Faulo za Makutu

Tsiku limene Pulofesa ankachoka, galimoto yodzamutenga inaliza hutala mpaka dalaivala anatopa n'kuzimitsa injini. Masutikesi anali atatulutsidwa kale. Mwini wake anali pasofa pabalaza, jekete ili m'thupi, kontirola ili m'manja, akudikira kuti gemu ya basiketi ya pativi ithe, chifukwa m'nyumba imeneyo munali lamulo limene mng'ono wake, Makutu, analikhazikitsa yekha popanda kufunsa munthu: gemu isanathe, palibe wodzuka.

Vuto linali lakuti gemu ya Makutu sinkatha. Timu yake inali itatsalira kutali, koti ngakhale wachikhulupiriro akanapinda manja, koma mphindi zomaliza zikangokwana, anyamata ake a pasikirini ankasiya kulondera mpira n'kuyamba kugwira anthu. Wezulo. Wotchi yaima. Wogwidwayo apite pamzere akaponye kawiri. Mpira ubwerere m'bwalo, wotchi isunthe pang'ono ngati nkhalamba yotembenuka pogona, wina agwidwenso. Wezulo. M'masewero enieni anthu amachita faulo zotere akatsalira pang'ono, kuti apeze mpata wobweza. Makutu ankazichita ngakhale atasiyidwa ngati njinga kumbuyo kwa basi. Ndipo sanalekere pa zala zake zokha. Analowa mkati mwa gemu, kumene munthu amakonzera khalidwe la timu yake, anapeza kamzere kolamula faulo zakumapeto, n'kukankha kadontho kake mpaka kukagunda kumanja. Lamulo lotulutsa wosewera wa faulo zambiri analizimitsa. Choncho ngakhale iye atachokapo, makina akatenga timu yakeyo ankasewera mwa iye.

"Tsiku lina ndidzalowa m'menemo ndikatsitse kadontho kakoko," anatero Pulofesa, diso lili pawotchi yapamkono. Dzinali anamupatsa ndi Makutu yemweyo, chifukwa gemu ikangotha mkuluyo ankathamangira kuchipinda kukadzitsekera ndi buku.

"Achimwene, lumbirani kuti simudzakagwira."

"Ndilumbire chifukwa cha zidole?"

"Lumbirani. Apo ayi ndege ikusiyani, zala zanga sizinatope."

Hutala inaliranso kunja.

"Chabwino, ndalumbira. Sindidzakagwira, uli moyo kapena utafa."

Makutu anaseka mpaka makutu ake aakuluwo kugwedezeka, kenako anamuchita faulo ina.

Pulofesa anati akungopita kukaphunzira. Maphunziro anabala ntchito, ntchito inabala chizolowezi, ndipo chizolowezi sichibala kanthu, chimangokhala. Anamerera imvi m'chipinda chozizira cha kampani yosindikiza mabuku, akusaka zilembo zosochera m'nkhani za anthu ena. Anawerenga nkhani zambiri za anthu obwerera kwawo, ndipo anaona kuti olemba amakonda kuwaikira munthu wowadikira pakhomo. Uthenga wa imfa ya Makutu unamupeza ali pakati pa tsamba. Mmene ankafika, dothi la pamanda linali litaphwa kale n'kumera udzu.

Mzinda sunamudikire. Laibulale imene ankabisalamo masana inali itadulidwa tizipinda togulitsiramo mafoni. Bwalo limene Makutu ankasewerapo basiketi yeniyeni linali lotsukirapo magalimoto. Lingi imodzi yoponyeramo mpira inatsala pachitsulo chake, ndipo otsukawo ankakolekapo paipi yamadzi. Anthu a m'msewu wawo ankamupatsa moni waulemu umene munthu amapatsa mlendo wa mnzake. Nyumba yokha ndiyo inakana kusintha. Sofa inali yomweyo, itangovekedwa nsalu ina. Tivi inali yatsopano, yopyapyala ngati thireyi, koma pansi pake panali makina akale aja, otuwa, chingwe chawo chitakulungidwa tepi apa ndi apo ngati mwendo wa wosewera wokalamba.

Mlamu wake, mkazi wa Makutu, amene ankagwira ntchito m'sitolo ya mankhwala, anamulandira ndi manja awiri ndi maso ouma.

"Takulandirani, alamu. Koma mwanenepa. Ife tinkadandaula kuti kumeneko mumadya mapepala."

Kenako kuchipinda kunatuluka mwana amene Pulofesa anamusiya ali m'mimba. Anachita kuwerama podutsa pachitseko. Bambo ake ankamutcha Mlongoti, ndipo dzinalo linamukwana. Anapereka moni bwinobwino, n'kumuyang'anitsitsa mlendoyo kuchokera pamwamba.

"Magalasi ndi omwewo," anatero mtsikanayo.

"Umandidziwira kuti iwe?"

"Ndakula ndikusewera nanu, bambo aakulu. Mumathamanga ngati mwanyamula firiji."

Zimene ankatanthauza anazimvetsa masana a tsiku lotsatira, atakhala pasofa ndi buku limene sanalitsegule. Makutu anali ataumba banja m'gemu ija. Timu imodzi inali ya Pulofesa. Munali kamunthu ka magalasi, kolemera miyendo, kamene mng'ono wake anakapatsa manja oterera mwadala, ndipo pambali pake panali chimphona cha tsitsi lomanga kumbuyo, chowonjezedwa pambuyo pake mwana atayamba kutalika. Timu inayo inali ndi Makutu mwini wake pakati. Makina akalewo sankadziwa kujambula nkhope, ankangopereka bokosi lokhala ndi maso. Koma makutu anawakwanitsa. Anatuluka m'mbali mwa mutu ngati zogwirira poto.

Mlongoti anakhala pansi, msana utatsamira sofa, miyendo itafika pafupi ndi tivi. Zigawo zoyamba ankazisewera ngati munthu wotsuka mbale, mwachangu, akugoletsa popanda chisangalalo. Wotchi itayandikira kumapeto anakhala tsonga. Anachotsa mpira kwa kamunthu ka magalasi, anaupereka kwa chimphona chija, n'kuima nacho pakati pa bwalo osathawa.

Wamakutu uja anasiya munthu amene ankamulondera. Anadutsa bwalo lonse osayang'ana n'komwe mpira, anatambasula manja onse awiri, n'kumuzinga nawo. Amene anapanga gemuyo ankangofuna kuonetsa faulo yadala, yopanda nkhanza, yoimitsira wotchi. Sanaganize za mmene zidzaonekere pabalaza ngati apa. Wezulo inalira. Wamakutu anamusiya, anabwerera m'mbuyo, n'kukweza dzanja limodzi kuvomera mlandu, monga amachitira osewera, monga amachitiranso woperekeza basi ikamanyamuka.

Chimphona chinapita pamzere. Mpira woyamba Mlongoti anagoletsa. Wachiwiri anauphonya dala. Unagunda lingi n'kubwerera m'manja mwake, ndipo anaimanso pomwe paja. Wamakutu anabweranso.

Zinapitirira choncho mpaka dzuwa linachoka pawindo la pabalaza n'kukaima pakhoma la oyandikana nawo. Mtsikanayo sanalire, sanayang'ane kumbali. Wotchi itatha ndithu, pakuti ngakhale yoimitsidwaimitsidwa imatha, anadina batani n'kuyambiranso.

Pulofesa anakapeza mlamu wake kukhitchini akupukuta kapu youma kale. Wezulo inkamveka kudutsa khoma.

"Mwaona?" anafunsa mayiyo.

"Ndaona."

"Ndi tsiku lililonse limenelo, chibwerereni kumanda. Ndikamapita kuntchito ali pomwepo, ndikamabwera ali pomwepo. Wezulo imeneyo ndimaimva ngakhale ndili kusitolo, ndikufotokozera munthu kamwedwe ka mapiritsi."

Anaika kapuyo pansi n'kumuuza zotsalazo. Bambo ake asanadwale, Mlongoti anaitanidwa ndi timu yaikulu ya mumzinda wina, ya basiketi yeniyeni, yamthukuta, ndipo anamusungira ndi malo pasukulu yakumeneko. Kochi wa timuyo anadikira matenda, anadikira maliro, anadikira kuti misozi iume. Tsopano anali ataimba foni kuti mtsikanayo akapanda kufika Lolemba likubweralo, malowo apatsa wina. Nsapato zake zinali pansi pa bedi. Mpira wake unali utaphwa pakona.

"Mwana amene ankaponya ngakhale atatsinzina," anatero mlamuyo, "lero akuphunzitsa manja ake kuphonya."

"Mwina ndi bwino akhale. Kunjako kulibe chimene amagawa, alamu. Umapita ndi sutikesi, umabwera ndi sutikesi, pakatipo anthu amwalira."

"Inu munapita."

"N'chifukwa chake ndikunena."

"Inu gemu inatha, munadzuka. Mukabwera mukudandaula, koma mukudandaula zanu. Uyu akaimaliza amaiyambiranso." Anatsegula mpopi n'kuutsekanso osatunga kanthu. "Mng'ono wanu anali wa faulo mpaka kuchipatala. Belu loti odzaona odwala atuluke likangolira, ludzu limamugwira pomwepo. Mlongoti, madzi. Mlongoti, pilo wapendama. Mlongoti, taona ngati windo latsekeka bwino. Anamwino ankachita kumukoka mwanayo pamkono. Ine ndinkawasiya, chifukwa ndinkadziwa kuti kukubwera belu limene sadzalinyengerera. Ndiye taonani, analinyengerera."

"Bisani makinawo."

"Ndinabisa. Anakhala pomwepo akuyang'ana tivi yozima, chakudya chikuzizira pambali. Ndinawabweza ndekha. Sindikufuna bambo ake achoke m'nyumba muno, alamu. Ndikufuna amusiye. Malemu ankanena kuti m'menemo muli kanthu kena kamene inu munkafuna kutsitsa. Mlendo aliyense akabwera ankamukambira nkhani imeneyo, akuseka. Ine zimenezo sindizidziwa, ndikhoza kufufuta banja lonse."

"Ndiye anakuuzaninso kuti ndinalumbira."

"Anandiuza. Anakuchenjererani, alamu. Ine anandilumbiritsa mpaka imfa basi."

Pulofesa anaseka pang'ono osafuna. Mlamu wake sanaseke.

Mawa lake anaganiza zoyamba ndi mwanayo, monga amachitira anthu ophunzira, amene amakhulupirira kuti chinthu chikafotokozedwa chimasiya kupweteka. Anakhala pasofa kumbuyo kwake gemu ili pakati.

"Ndamva kuti kochi wako anaimba."

"Anaimba."

"Nsapato zikudya fumbi pansi pa bedi."

"Zidye. Zakhala zikudya ine zala."

"Mwanawe, ukudziwa kuti uyo si bambo ako. Ndi kadontho pakamzere. Nditha kukuonetsa pamene kali."

"Ndimakadziwa. Nthawi zina ndimalowamo kukangokaona."

"Ndiye ukudziwa kuti munthu akakatsitsa akhoza kukakwezanso. Ukatsitse, upite ukasewere ndi anthu opuma, ukadzabwera patchuthi udzakakweze. Palibe chotayika."

Mlongoti anaimitsa gemu. Osewera onse anauma pamene anali, wamakutu mwendo uli m'mwamba. Anatembenuka, ndipo kwa nthawi yoyamba Pulofesa anaona kuti tsitsi analimangira m'mbali mwadala, kuti libise makutu amene anatengera kwa bambo ake.

"Womaliza kukagwira ndi adadi," anatero. "Kakangosuntha, ngakhale ndikabweze pomwepo penipeni, ndiye kuti ndakaika ndine. Munthu sadzikumbatira yekha, bambo aakulu."

 Pulofesa anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta ndi malaya.

"Mudzayese tsiku lina," anatero mtsikanayo akutembenukira kutivi. "Inuyo amakuthamangirani kuposa ine. Mukangogwira mpira sadikira n'komwe. Adadi ankati n'chifukwa choti ndinu wosavuta kugwira."

Loweruka m'mawa mlamu anauza mwana wake kuti akamuthandize kutsitsa makatoni kusitolo. Mlongoti anakana, amayi ake anamukumbutsa za msana wawo ndi amene anauthyola pobadwa ndi miyendo yaitali, ndipo anadzuka akung'ung'udza. Mlamuyo anaima pakhomo. Anayang'ana tivi, anayang'ana Pulofesa, n'kukoka chitseko.

Nyumba inatsala ndi phokoso la firiji. Pulofesa anathira tiyi, anauika pakatebulo, n'kuyatsa makina. Makontirola anali awiri. Imodzi inali ya mtsikanayo. Inayo inali itakulungidwa chingwe chake bwinobwino, ndipo pamene pamakhala chala chachikulu panali patadyeka n'kusalala ngati mwala wa mumtsinje. Sanaigwire imeneyo. Maganizo ake anali oti alowe kumene kuli kamzere, aone, angoona basi. Koma zala zinali ndi njira yake imene zinaphunzira kalekale, ndipo zinamufikitsa m'bwalo.

Anasewera moipa. Kamunthu ka magalasi kanagwetsa mpira, kanapunthwa, kanaponya kumene kulibe lingi, ndipo anadzimva akutukwana mng'ono wake ndi mawu amene sanawatulutse m'kamwa chichokereni. Komabe chimphona chinkamunyamula, moti pofika kumapeto timu yake inali patsogolo. Anaona wotchi ikutsika. Anapereka mpira kwa kamunthu ka magalasi.

Mtsikana uja sananame. Wamakutu sanadikire. Anatembenuka mpira usanakhazikike m'manja, anabwera molunjika ngati munthu amene wakuona pakati pa chikhamu cha anthu, n'kumuzinga manja. Kontirola inanjenjemera m'manja mwa Pulofesa. Zimenezi anali ataziiwala, kuti ukagwidwa imanjenjemera, pang'ono chabe, ngati munthu akukugwedeza kuti udzuke. Wezulo. Dzanja m'mwamba.

"Iwe," anatero Pulofesa pabalaza popanda munthu. "Watsalira kutali. Ukufunanso chiyani?"

Bokosi la maso lija linamuyang'ana osaphethira.

Anapita pamzere. Woyamba anagoletsa. Wachiwiri anauona ukuchoka m'manja mopendama, ndipo sakanatha kulumbira kuti inali ngozi. Mpira unabwerera. Anaima. Wamakutu anabwera.

Tiyi anazizira n'kuchita khungu pamwamba. Kunja wogulitsa matsache anadutsa akuitanira, anabwereranso atagulitsa, Pulofesa ali pomwepo. Mbali ya sofa imene Makutu ankakhala inali yolowa mkati, chiphompho cha zaka zambiri chimene nsalu yatsopano sinathe kubisa, ndipo iye anasamala kuti asayang'aneko, chifukwa pakona ya diso ankaona ngati chalowa kwambiri kuposa m'mawa. Gemu itatha anadina batani n'kuyambiranso. Zigawo zoyamba anazithamangitsa mosaleza mtima. Sankafunanso kupambana, ankangosamala kuti akhale patsogolo, chifukwa wotsalira ndiye amagwira mnzake. Inathanso. Anadinanso.

Makina akalewo ankachedwa kutsegula bwalo, ndipo podikirapo sikirini inkada bii. M'mdima umenewo Pulofesa anaona pabalaza ponse ngati pagalasi: windo, katebulo, sofa yopanda munthu. Pansi, msana utatsamira sofa, miyendo itatambasukira kutivi, panali mdala wa imvi ndi magalasi, kukamwa kuli yasa pang'ono. Sanakumbukire nthawi imene anatsika pasofapo. Anali atakhala pamene kapeti inapanga dzenje, ndipo dzenjelo linali la munthu wamtali kuposa iye, amene mafupa ake anali asanamalize n'komwe kukhwima.

Bwalo linatseguka, osewera anaima pakati kudikira mpira. Pulofesa anatulukamo. Anadutsa masamba a m'kati mwa gemu limodzi ndi limodzi, mayina a osewera, mitundu ya mayunifolomu, mpaka anafika pa khalidwe la timu ya mng'ono wake. Timizere tina tonse tinali pakatikati, monga tinabwerera kuchokera kufakitale. Kamodzi kokha, kapansi, kadontho kake kanali katakanirira kumanja.

Anakhala akukayang'ana. M'nyumba munali zii, moti ankamva chimbale chikuzungulira mkati mwa makina. Anapukuta chala chachikulu pathalauza, anachiika pabatani, n'kudina.

Kadontho kanasuntha, kakulira pang'ono pa sitepe iliyonse. Kanadutsa pakati, sanachotse chala. Makina anamufunsa ngati akufuna kusunga zimene wasintha, ndipo anavomera. Kadontho kamene analumbira kuti sadzakagwira kanali kumanzere, pamapeto penipeni.